Mlonda wonunkha wa minda ya ku Mecanhelas ayamikidwe

Alimi a m'boma la Mecanhelas ali ndi wantchito amene samulipira, samuphikira, ndipo kawirikawiri akangomuona amamusakizira agalu. Amalowa m'munda dzuwa likalowa, tambala woyamba asanalire iye waweruka kale. Wantchito ameneyu ndi kanyimbi, pamodzi ndi abale ake ang'onoang'ono odya mbewa. Lero tati timuyamikire poyera, tiyamikirenso mabanja amene asankha kukhala naye mwamtendere m'malo momuthera ndi moto kapena chiphe. Sitikumusandutsa mngelo ayi, pakuti milandu ali nayo ndipo tiitchula. Koma tikaika pasikelo zimene amawononga ndi zimene amapulumutsa, sikelo ikupendekera kwa iye.

Kuti ntchito yake ioneke bwino, tiyambe ndi dziko limene amagwiramo. Mecanhelas ali kummwera kwa chigawo cha Niassa m'dziko la Mozambique, m'malire ndi Malawi, ndipo ndi limodzi mwa maboma okhala ndi anthu ambiri m'chigawochi. Kumadzulo kwake kuli nyanja ziwiri zosaya, Chilwa ndi Chiuta, ndipo pakati pa nyanjazi ndi pamene njanji yochokera ku Nacala imadutsa pa Entre Lagos n'kulowa m'Malawi pa Nayuchi. Kuchoka ku Insaca, likulu la bomali, kutsikira kunyanja, dziko ndi lachidikha, lodzala ndi madambo amene madzi amasefukiramo m'dzinja n'kuphwa m'chilimwe. M'madambomo muli mpunga, kumtunda kuli chimanga, chinangwa ndi nandolo. Dziko lotere limakondweretsa mlimi, koma limakondweretsanso mbewa, chifukwa chakudya sichidukiza: chimanga chikachoka m'munda mpunga wacha, mpunga ukapunthidwa nandolo wayamba kukhwima, ndipo kudimba kuli zobiriwira mpaka mvula itagwanso.

Mbewa imene imasautsa kwambiri m'minda ya kuno kwathu ndi kapuku, amene akatswiri amamutcha Mastomys natalensis. Kapuku wamkazi amakhala ndi mawere ofika 24, bere lake limangotenga masabata atatu ndi masiku ochepa, ndipo kuswa ana 10 kapena kuposerapo nthawi imodzi ndi chizolowezi chake. Anawo pakangopita miyezi itatu kapena kucheperapo nawonso ayamba kuswa. Akatswiri a ku Sokoine University of Agriculture ku Morogoro, m'dziko la Tanzania, akhala akutsata mbewa imeneyi kwa zaka zambiri, ndipo anapeza kuti chaka wamba mbewa zimadya pakati pa 5 ndi 15 pa 100 ya chimanga cha m'munda, koma chaka chimene zaswana mopitirira muyeso munda ukhoza kutaya magawo oposa 80 pa 100. Mlimi wa mpunga safuna manambala kuti adziwe zimenezi. Amafika m'mawa n'kupeza pakati pa munda pachita chibowo, mapesi atadulidwa mopendekera cham'munsi, ngala zitagona m'matope, mankhusu ali mbwee pakhomo pa una. M'mbali mwa munda mukuoneka bwinobwino, kuwonongeka kuli m'kati momwe diso la wodutsa panjira silifika.

Apa ndi pamene kanyimbi amalowera. Nyama zamizere yakuda ndi yoyera zimene zimapezeka kummwera kwa Malawi ndi madera oyandikana nawo a Mozambique zilipo mitundu iwiri, ndipo usiku n'zovuta kuzisiyanitsa. Wamkuluyo, Ictonyx striatus, ndi wa ubweya wautali ndi mawanga oyera kumaso, ndipo amalemera mozungulira kilogalamu imodzi. Sasankha zakudya: mbewa, ziwala, mphutsi zokumba pansi, abuluzi, zinkhanira ngakhale njoka. Akaopsezedwa amaimika ubweya, kupinda msana, kutukula mchira n'kutembenuzira mdani kumbuyo, kenako amafaitsa madzi onunkha ochokera m'timatumba tiwiri ta pansi pa mchira. Madziwo akalowa m'maso amalula ngati tsabola, ndipo galu amene anakumanapo nawo amaganiza kawiri ulendo wotsatira. Zikavuta zedi amadzigwetsa n'kunamizira kufa mpaka mdani atatopa.

Wamng'onoyo, Poecilogale albinucha, ndiye katswiri weniweni wa mbewa. Ndi wa thupi lalitali, miyendo yofupika kwambiri, pamutu ndi mchira zoyera, ndipo wamphongo amalemera magalamu ongopitirira pang'ono 300. David Rowe-Rowe, amene anaphunzira nyamayi mosamala ku Natal m'zaka za m'ma 1970, anafotokoza mmene imasakira. Imatsata fungo mphuno ili pansi, n'kulowa mu una wa mbewa popanda kukumba, pakuti paliponse pamene mutu wake wapita thupi lonse limapitanso. Ikaigwira mbewa imaluma pakhosi chakumbuyo, n'kugubuduzika nayo uku ikuiponda msana ndi miyendo yakumbuyo mpaka itafooka. Siidyera pomwepo. Imaikokera ku una wake, ndipo zikachuluka imapha zoposa zimene ingadye usiku umenewo n'kusunga zina. Thupi lalitali ndi lowonda limataya kutentha msanga, choncho nyama yotere siingakhale nthawi yaitali osadya. Njala yake yosathayo ndiyo phindu la mlimi.

Banja la nyamazi ndi lalikulu ndipo lafalikira pafupifupi dziko lonse. Chiuli wokonda uchi ndi wa banja lomweli, katumbu wa m'mabango a ku Chilwa chimodzimodzi. Koma m'bale wawo amene mbiri yake inalembedwa kwambiri ndi wa kumaiko ozizira a ku Ulaya, kumpoto kwa Asia ndi North America, wotchedwa ermine. Kamangidwe ka thupi lake n'kofanana ndi ka kanyimbi wamng'ono uja, ndipo nayenso moyo wake wagona pa mbewa ndi akalulu. M'nyengo yotentha amakhala wofiirira pamsana ndi woyera kumimba. Masiku akayamba kufupika, kumadera kumene kumagwa chipale, amathothoka ubweya n'kumera woyera thupi lonse kupatula kunsonga ya mchira kumene kumakhala kwakuda chaka chonse. Chimene chimayambitsa kusinthaku ndi kutalika kwa usana, n'chifukwa chake chaka chimene chipale chachedwa nyamayi imapezeka yoyera mbee pa nthaka yakuda, poyera pa akabawi ndi akadzidzi. Kubereka kwake n'kodabwitsanso. Yaikazi imatenga bere m'nyengo yotentha, koma mbewu ya anayo imaima osakula kwa miyezi 9 kapena 10, kuti anawo adzabadwe chisanu chitatha, chakudya chitayamba kuchuluka.

Anthu a ku Ulaya anaikweza nyamayi koposa. Ubweya wake woyera wokhala ndi timadontho takuda unasanduka chovala cha mafumu ndi oweruza milandu. Ulemu umenewo unali wa chikopa, mwini chikopa ankafa. Kanyimbi wathu ulemu wotere sakuufuna, ngakhale kuti kummwera kwa Africa chikopa cha wamng'ono uja chimafunidwanso pa zamankhwala ndi zokongoletsa, ndipo zimenezi zamuchepetsa m'madera ena.

Phunziro lalikulu la ermine lili ku New Zealand. Azungu atapita ndi akalulu kumeneko, akaluluwo anaswana mpaka kumaliza msipu wa nkhosa. M'zaka za m'ma 1880 anaganiza zoitanitsa ermine kuchokera ku Britain kuti adzathane nawo, ngakhale akatswiri a mbalame monga Alfred Newton ndi Walter Buller anachenjeza kuti zidzavuta. Zinavutadi. Mbalame za kumeneko zinali zisanaonepo mdani wamtundu umenewu, zambiri zimaikira mazira pansi, zina siziuluka n'komwe. Ermine anapeza ndiwo yosavuta kuposa kalulu. Lero, kumalo kumene sikutchedwa misampha, anapiye a mbalame yotchedwa kiwi amene amafika pokula sakwana 10 pa 100 alionse, ndipo wakupha wamkulu ndi yemweyu. Mu 2016 boma la New Zealand linalengeza cholinga chothetseratu ermine, makoswe ndi nyama ina yobwera yotchedwa possum pofika chaka cha 2050, ntchito imene ikudya ndalama zankhaninkhani.

Nyama yomweyo imene kwawo imathandiza kuchepetsa mbewa inasanduka mliri itapita kwa eni. Tanthauzo lake kwa ife ndi lakuti mlenje woyenerera dziko sagulidwa kusitolo ndipo saitanitsidwa pa sitima. Kanyimbi, likongwe, msulu, kadzidzi ndi njoka zodya mbewa zakhala limodzi ndi kapuku, nkhwali ndi nkhanga m'madambo a Chiuta kuyambira kalekale, aliyense akudziwa machenjera a mnzake. Mecanhelas ali nacho kale chimene a ku New Zealand anachifuna n'kuchiphonya. Chikatha, palibe boma kapena bungwe limene lingabwere nacho china m'malo mwake.

Kuti nyamazi zimakondadi minda si nkhani yongoganizira. Mu 2018 akatswiri ogwira ntchito ndi University of Venda, mwa iwo Samual Williams ndi Lourens Swanepoel, anafalitsa zimene anapeza atatchera makamera m'midzi iwiri ya ku Vhembe, ku Limpopo m'dziko la South Africa. Mitundu yambiri ya tinyama todya nyama inapezeka m'minda yolimidwa kuposa kumalo odyetsera ziweto kapena pakati pa mudzi, ndipo kumene agalu anachuluka tinyamati tinachepa. Atafunsa eni midzi, ambiri sankadziwa kuti tinyamati timawachotsera mbewa. Chaka cha 2017 kafukufuku wina wa ku Eswatini, wotsogoleredwa ndi Themb'alilahlwa Mahlaba, anaonetsa kuti pakhomo pamene pali amphaka ndi agalu pamodzi makoswe amachita mantha n'kuchepetsa kudya. Mfundo yake ndi yofunika: mlenje amateteza mbewu ngakhale usiku umene sanagwire kanthu, chifukwa mbewa imene ikumva fungo la mdani siikhalitsa poyera. Akatswiri amenewa akuyenera kuthokozedwa chifukwa anasiya mikango ndi njovu, zimene zimakopa ndalama ndi alendo, n'kukagwada m'mizere ya alimi wamba.

Tsopano mlandu uja. Kanyimbi akapeza khola lotsegula amalowa, amamwa mazira ndi kupha anapiye, ndipo chibadwa chake chopha zoposa zimene angadye chimachititsa kuti usiku umodzi uwononge ntchito ya miyezi. Kwa mayi wa ku Chiuta, nkhuku ndi sopo, ndi makope a mwana, ndi ndalama ya njinga yopitira kuchipatala. Munthu amene wadzuka n'kupeza nthenga zokhazokha sitingamuuze kuti aseke. Mkwiyo wake ndi womveka.

N'chifukwa chake kuyamikira kwathu kwakukulu kukupita kwa mabanja amene mkwiyowo anaupititsa pa khola m'malo moupititsa pa nyama. Khola lawo limadziwika munthu akangolowa pabwalo. Lili m'mwamba pa mitengo inayi yosalala, pansi pake pali posesedwa, nsungwi kapena bango n'zolukidwa mothithikana moti zala ziwiri sizilowa, mipata yotsala ndi yomatidwa ndi dothi, ndipo chitseko n'chathabwa chokhala ndi chomangira, osati chigamba cha thumba. Madzulo mwana amawerenga nkhuku, amatseka, n'kuchotsa makwerero kukawaika patali. Ena amakhomera chidutswa cha lata lakale kuzungulira mtengo uliwonse kuti chokwawa chiterereke. Zonsezi sizifuna ndalama zambiri, zimafuna tsiku limodzi la ntchito ndi chizolowezi cha madzulo alionse. Khola lotere limatsekereza kanyimbi, vumbwe ndi makoswe omwe nthawi imodzi, ndipo kanyimbi akalephera pakhomo amabwerera kumunda kumene timamufuna.

Nzeru yoteteza chuma m'malo mopha wakuba wa miyendo inayi inayesedwa kale pa m'bale wake chiuli. Ku South Africa alimi a njuchi ankapha achiuli ambiri ndi misampha yachitsulo chifukwa chothyola ming'oma. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000, Keith ndi Colleen Begg anathandiza kuonetsa kuti kukweza ming'oma pa nsanja ndi kuimanga zolimba n'kotsika mtengo kuposa kusaka nyamayo, ndipo uchi wa alimi otsata njirayi unayamba kugulitsidwa ndi chizindikiro chapadera. Banja lomweli linafika ku Niassa mu 2003 n'kuyambitsa Niassa Carnivore Project m'nkhalango yotetezedwa ya Niassa, kumene amagwira ntchito ndi midzi pa makola olimba a mbuzi ndi njira zina zokhalira limodzi ndi zilombo. Mtsinje wa Lugenda umene umadutsa m'nkhalango imeneyo umayambira ku nyanja za Chiuta ndi Amaramba. Ngati anthu a kumunsi kwa mtsinje akuphunzira kukhala ndi mkango, a kumtunda kwake sangalephere kanyama kosafika ndi kilogalamu ziwiri.

Tikuyamikiranso alimi amene amasiya kachitsamba pa chulu, mzere wa udzu m'malire a munda ndi bango m'mbali mwa ngalande. Ena amaona ngati ndi ulesi. Koma m'malo otere ndi mmene kanyimbi amagona masana ndi kulereramo ana, amene amabadwa osaona, ochepa, kawirikawiri mmodzi mpaka atatu, m'nyengo yotentha ndi yamvula. Yerekezani ndi ana 10 a kapuku pafupifupi mwezi uliwonse, muona kuti pakagwa tsoka lopha onse awiri, woyamba kubwerera ndi kapuku.

Matsoka otere ndi awiri, ndipo onse ndi opangidwa ndi manja athu. Loyamba ndi chiphe. Timapepala ta mankhwala akuda amene ambiri amawatcha tameki timagulitsidwa m'misika ya m'malire popanda dzina kapena malangizo. Khoswe akadya samafera pamalo obisika nthawi zonse. Amadzandira pabwalo, nkhuku imamujompha, mphaka amamudya, kadzidzi amamunyamula, kanyimbi amamukokera ku una. Mankhwala omwewa apha ana ndi akulu m'midzi yambiri ya m'chigawo chino cha Africa. Akuluakulu anati khoswe akakhala pamkhate sapheka, ndipo wothira chiphe mwachisawawa amaswa mkhate khoswe n'kutsala: pakatha miyezi iwiri mbewa zabwerera, alenje ake kulibe.

Tsoka lachiwiri ndi moto. Kusaka mbewa ndi mwambo wakale, ndipo mbewa ndi ndiwo yabwino kwa amene amadya. Mnyamata wokumba ndi khasu kapena wotchera diwa ndi mnzake wa kanyimbi pa ntchito, onse akuchepetsa mdani mmodzi. Vuto ndi amene amayatsa dambo lonse mu Ogasiti kapena Seputembala pofuna kuona mauna. Moto umenewo umadya udzu wofolera nyumba, msipu, mitengo yaing'ono ndi malo obisalamo nyama zodya mbewa, pamene kapuku ali phee pansi pa nthaka. Malamulo a Mozambique anaika kutentha tchire mwachisawawa m'gulu la milandu kuyambira mu 1999, koma lamulo lolembedwa ku Maputo limagwira ntchito pokhapokha mfumu ya m'mudzi italiyankhula pabwalo. Mafumu amene amaletsa moto wa lupsa ndi kulipiritsa oyatsa akuteteza zambiri kuposa zimene iwo eni amawerenga, ndipo nawonso alandire kuthokoza kwathu.

Tisapitirire muyeso. Kanyimbi yekha sangaletse mbewa chaka chimene zaswana ngati dzombe. Kafukufuku wa ku Tanzania uja anaonetsa kuti chimene chimayambitsa mliri wa kapuku ndi kagwedwe ka mvula, makamaka ikagwa yambiri nthawi yosayembekezeka n'kuchititsa kuti mbewa ziyambe kuswa msanga. Madambo a Chilwa ndi Chiuta, amene chaka china amauma, monga Chilwa anaumira mu 1995 ndi mu 2018, chaka china n'kusefukira ngati nthawi ya namondwe Freddy mu 2023, amadziwa bwino kusinthasintha kotere. Pa zaka zoterozo pamafunika kuti mudzi wonse utchere misampha nthawi imodzi mbewu zisanabzalidwe, kupalira msanga, kusasiya milu ya mpunga m'munda kwa masabata, ndi kumanga nkhokwe zokwezeka zokhala ndi malata pamiyendo. Tikumbukirenso kuti nyama iliyonse yakutchire imene ikuyenda masana mosaopa anthu ikhoza kukhala ndi chiwewe, choncho ana asaigwire, ndipo wolumidwa atsuke bala ndi sopo n'kuthamangira kuchipatala. Kuyamikira kanyimbi sikutanthauza kumuweta. Kumusiya apite n'kokwanira.

Pempho lathu likupita kwa amene mawu awo amamveka. Alangizi a zaulimi a ku Insaca, akamaphunzitsa za mbewu ndi kasungidwe ka zokolola, aonjezepo mphindi zochepa za khola lotsekeka ndi kuopsa kwa chiphe chopanda dzina. Aphunzitsi a m'sukulu za pulayimale afunse ana kuti atchule nyama zimene zimadya mbewa m'mudzi mwawo, ana akafunse agogo awo, mayina ndi makhalidwe a nyamazi alembedwe m'Chinyanja, m'Chiyao ndi m'Chimakhuwa zisanaiwalike. Mawailesi a m'madera a mbali zonse ziwiri za malire, popeza mbewa ndi kanyimbi sizionetsa chiphaso pa Nayuchi, akambe nkhaniyi nthawi yokolola isanafike. Ndipo inu bambo kapena mayi amene usiku wina tochi yanu idzaunika kanyama kamizere kakudutsa m'mphepete mwa munda, itanani galu wanu abwerere, mawa lake mukayendere khola lanu ngati lili ndi mpata wofunika kumata.